Atsekwe a Sajeni Saphethira

Tsiku limenelo Sajeni Saphethira anafika ku ntchito ndi jekete lake la kunyumba m'jumbo, n'kulipachika kuseri kwa chitseko kuti nthawi yoweruka ikangokwana asachedwe ndi zosintha. Bambo ake amabwera ndi basi ya masana kuchokera kumudzi. Maso onse awiri a mkuluyo anali atachita ng'ala, moti munthu ndi mtengo amazisiyanitsa pokhapokha chinacho chikapereka moni. Dokotala wochotsa ng'ala, amene amaoneka pachipatala cha m'tauni mwa apo ndi apo ngati m'bale wolemera, anali pomwepo tsiku lomwelo basi, ndipo dzina la nkhalambayo linali pamzere. Mkazi wa Sajeni anali kwawo ku maliro. Wokalandira mkuluyo ku depoti ndi kumuthamangitsira kuchipatala panalibe wina koma mwana wake.

Ntchito ya Saphethira inali yolondera thambo. Musaganize kuti amakhala panja khosi lili chagada. Asilikali a rada amakhala m'chipinda chopanda zenera, chozizira ngati mochale, chifukwa boma limaopa kuti makina angatenthe. Za anthu lilibe nazo nkhawa, anthu amabadwa tsiku ndi tsiku. Kutsogolo kwa aliyense kuli galasi, ndipo pagalasipo chilichonse chouluka m'dziko chimaoneka ngati kadontho. Ndege yoleredwa bwino imadzitchula yokha. Pambali pa kadontho pamabwera nambala, basi wadziwa kuti iyi ndi ya anthu apaulendo, iyi ndi ya katundu, iyi ndi yathu. Koma nthawi zina pamatulukira kadontho kopanda nambala. Kameneko anyamata a m'chipindamo amakatcha mwana wa m'tchire.

Mwana wa m'tchire ali ndi lamulo lake. Amene wayamba kutsegula pakamwa n'kunena kuti "ndaona" ndiye bambo wake. Sadzuka pampando mpaka atamupatsa dzina: yathu, ya alendo, ya adani, kapena mbalame. Ndipo mnzako wodzakulandira ntchito salandira mpando wokhala ndi mwana wa m'tchire. Wabala wekha, lera wekha.

Limenelo ndi lamulo lomwe amakuphunzitsa. Pali lina lomwe umaphunzira wekha ngati uli ndi mutu. Mkulu wa asilikali onse a ndege, amene anyamata amamutcha Mwini Thambo akaona kuti palibe womva, anali ndi famu kuseri kwa mapiri a kumpoto. Pafamupo panali ng'ombe, nkhumba, ndi mayi wina wake amene sanali mayi a kunyumba. Loweruka lililonse helikopita ya boma inkapita kukaona ng'ombezo, woyendetsa atathimitsa kamakina kodzitchulira kaja. Inkayenda chozemba, pansipansi, koma pakati pa mapiri awiri pali mpata pomwe rada imaigwira ndithu. Nthawi imeneyo ikafika, zingwe za nsapato za chipinda chonse zinkamasuka. Aliyense weramu. Wina kuthira tiyi, wina kufuna cholembera pansi pa tebulo. Chimene sunachione sichikufunsa dzina.

Koma tsikuli silinali Loweruka. Linali Lachitatu. Mtima wa bwana wokalamba ulibe kalendala.

Dzina loti Saphethira sanalitole panjira. Zaka zonse zomwe anakhala pagalasi sanaphonyepo kanthu, sanatchulepo mtambo kuti ndege kapena ndege kuti mtambo, ndipo mwezi wotsatira dzina lake limakalowa m'gulu la oti akwezedwe. M'mawa umenewo thupi linali pampando koma mutu unali ku depoti, ukusuzumira m'mabasi. Kadontho katangoti tulukiru pakati pa mapiri aja, maso anakaona, pakamwa n'kugwira ntchito yake osafunsa mutu.

"Ndaona. Wopanda nambala, kumpoto, akuyenda motsika."

Anzake awiri anali ataweramira kale nsapato. Misana yawo inkaudziwa mpata umenewo ngakhale pa Lachitatu. Kaputeni, mnyamata wa ku koleji amene ndevu zake zinali zisanagwirizane zomera, anasiya kutakasa tiyi.

"Sajeni, mwati chiyani?"

Saphethira anayang'ananso pagalasi.

"Ndimatsokomola, bwana."

"Chifuwa chanucho chatchula mbali ndi kayendedwe komwe. Makina ajambula."

Chilichonse chonenedwa pa maikolofoni ya pampando chimalowa m'makina ojambula mawu, ndipo makinawo sadziwa Loweruka kapena Lachitatu. Pamwamba pa galasi lake panayaka kanyali kofiira. Mwana wabadwa.

Anachita zonse monga mwa maphunziro. Anatsegula wailesi: "Ndege yosadziwika ya kumpoto, dzitchuleni." Wailesi inangoti fooo ngati ketulo. Anabwereza. Woyendetsa helikopita uja, munthu amene amamwa naye mowa ku kalabu ya asilikali, amamva ndithu, koma naye ali ndi ana oti adye. Saphethira anaimbira a kunsanja ya bwalo la ndege za anthu wamba. Anayankha mayi wina wa mawu aulesi.

"Kumpoto? Ife kuno tikungoona mitambo, achimwene."

"Kunja kulibe mtambo ngakhale umodzi, mayi."

"Ndiye inu muli ndi maso abwino. Muwasamale." Foni gwa.

Kadontho kanayenda pang'ono, kanazungulira, n'kusowa kuseri kwa phiri. Ng'ombe zalandira mlendo.

"Kasowa, bwana," anatero Saphethira, akuyamba kukankha mpando.

"Khalani pansi, Sajeni. Kasowa kopanda dzina. Ndiye kuti kagwa, kapena katera mobisa. Mudikira katulukenso."

"Bwana, tonse pano tikudziwa kuti..."

"Tikudziwa chiyani?" Kaputeni analoza maikolofoni ndi supuni. "Nenani mokweza, amve."

Saphethira anaphimba maikolofoniyo ndi chikhatho n'kutsitsa mawu.

"Bwana, bambo anga akutsika basi masana ano. Saona. Tingonena kuti yathu, nkhani ithe."

"Yathu ya ndani?" Kaputeni naye anali kunong'ona. "Mukati yathu, mawa kulikulu afunsa kuti anakwera ndani, amapita kuti, mafuta analoleza ndani. Ndipo amene amamvera zojambulazi kulikuluko ndi mlongo wake wa mayi a kunyumba a bwana. Mukufuna ukwati wa Mwini Thambo uthere m'kamwa mwanga? Ine ndangoyamba kumene kudya. Dikirani. Pobwerera amayatsa kamakina n'kunena kuti amayesa injini. Pamenepo aliyense atha kunena kuti yathu, lilime osapsa."

"Abwerera nthawi yanji?"

"Ndinalipo pochita pangano lawo ngati?"

"Ndiye imbirani a Meja."

Kaputeni anaimba. Foni ya m'chipindacho ndi ya nkhondo. Anaikonza kuti ngakhale bomba litagwa izigwirabe ntchito. A Meja anamvetsera bwinobwino mpaka pa mawu oti "pakati pa mapiri", kenako anayamba kufunsa kuti halo, halo, mukundimva, laini ikudula, n'kudula.

Nthawi yosinthana itakwana, sajeni mnzake wodzamulandira, Chizengereza, anatulukira pakhomo. Munthu ameneyu chibadwire sanafikepo pa nthawi yake. Amayi ake omwe amati anamudikira mpaka azamba anakagona. Lero lokha anafika nthawi yabwino, ngati wina kumwamba akufuna kuseka. Anasuzumira, anaona kanyali kofiira, n'kubweza phazi lomwe linali litalowa kale. Anakakhala pabenchi ya m'khonde moyang'anana ndi khomo, n'kuyamba kusenda nthochi.

"Aise, lowa undigwirire," anatero Saphethira, chikhatho chikadali pa maikolofoni.

"Ana anga akwana kunyumba. Wina ayi."

"Ndikungokatenga madala ku depoti."

"Pepa. Koma iwe, munthu wamkulu ndi mizere yako itatu paphewa, nsapato zako zilibe zingwe?"

"Lero ndi Lachitatu."

"Ng'ombe zimadwala tsiku lililonse." Analuma nthochi. "Dikira basi. Bwana ndi wachikulire, sachedwa."

Mmodzi wa anyamata owerama aja anayankha osatembenuka: "Achikulire ndi amene amachedwa. Amayamba agona kaye."

Anaseka onse kupatula bambo wa mwana.

"Pali khomo limodzi," anatero Chizengereza atameza. "Unene kuti mbalame."

"Mbalame zoyenda mzere wowongoka, liwiro loposa galimoto, n'kukatera pafamu?"

"Atsekwe a masiku ano ndi ophunzira."

Khomo limenelo Saphethira ankalidziwa. Womaliza kutulukirapo anali kopolo wina amene naye pakamwa panamuterera tsiku la ng'ombe. Anatchula mbalame, ndipo kulikulu, kumene aliyense ankadziwa mtundu wa mbalamezo, anagamula nkhope ili gwa kuti munthu wosasiyanitsa chitsulo ndi nthenga galasi si lake. Tsopano amakweza ndi kutsitsa chitsulo cha pageti, dzuwa ndi mvula zili pamsana. Palibe anamuthokoza. Mbalame zimapulumutsa bwana, koma wozitchula zimamunyera pamutu.

Mafoni a m'manja amasiyidwa pageti, choncho Saphethira anapempha Kaputeni foni ya panja. Kaputeni anaikokera pafupi ndi mpando, akuyang'ana kumbali ngati sakuona zomwe dzanja lake likuchita. Saphethira anaimbira mlamu wake, mlongo wa mkazi wake, wokonza mawailesi pamsika.

"Alamu, tsekani shopu, thamangani ku depoti. Madala avala chipewa cha khaki, ali ndi ndodo. Apititseni kuchipatala, kwa dokotala wa maso. Ine ndikupezani komweko."

Mtima unakhalako m'malo. Anabwerera pagalasi. Ndege za anthu apaulendo zinkadutsa mwaulemu, iliyonse nambala yake ili pachipumi ngati ana a sukulu ya mishoni. Kumpoto kunali phee.

Foni inalira.

"Alamu, madala anu andimenya."

"Akumenyani bwanji?"

"Ndi ndodo, pabondo. Akhala pachikwama chawo, akuti sasuntha. Akuti mwana wawo anawauza kuti ku depoti kuli akuba onena kuti atituma ana anu, ndipo aliyense wowagwira dzanja amukwapule."

Saphethira anatsinzina. Mawu amenewo anali ake. Anawabwereza sabata yathayo pa foni ya aphunzitsi a kumudzi mpaka mkuluyo atawaloweza ngati katekisimu.

"Apatseni foni."

Kunamveka phokoso la mabasi ndi oitanira, kenako kupuma kwa nkhalamba.

"Bambo, ndine. Pitani ndi munthu ameneyo, ndi alamu anga. Ndawatuma ndine."

"Ndiwe ndani?"

"Mwana wanu, bambo."

"M'kabokosi aliyense ndi mwana wanga. Chaka chatha wina analira m'kabokosi kuti ndi mdzukulu wa aneba anga, wagundidwa ndi galimoto. Anawadyera mbuzi."

"Mawu anga simukuwamva, bambo?"

"Ndikumva mawu a munthu amene sali pano. Mwana wanga anati ndikatsika ndimupeza ataima pakhomo pa basi. Ndi msilikali, sanama. Ndimudikira."

"Dokotala achoka, bambo."

"Ndiye afulumire."

Kaputeni anali atatambasula kale dzanja, kufuna foni yake.

Wotchi ya pakhoma, imene masiku ena imakwawa, tsikulo inkathamanga ngati yaba. Saphethira anayang'anitsitsa mpata uja mpaka maso kuyamba misozi. Dziko lonse linali patsogolo pake, malire mpaka malire. Akanatha kukuuza kuti ndege ya katundu yakhotera kumanzere pamwamba pa chigwa chimene sanapondemo. Koma nkhalamba yokhala pachikwama misewu ingapo kuchoka pomwe analipo, imeneyo galasi silinkaionetsa. Anaganiza za Mwini Thambo atavula nsapato pakhonde la pafamu, akutokosa m'mano, akufunsa ngati kuli kakumwa kozizira. Anakukuta mano mpaka Kaputeni anatembenuka.

"Bwana, nanga ndikati ya alendo?"

"Ndiye nduna iimbira mayiko onse oyandikana nafe kufunsa amene watilowera."

"Ya adani?"

"Ndiye anyamata anyamuka ndi ndege zankhondo kukaphulitsa ng'ombe za bwana. Ndi bwana yemwe."

"Penapake zikanathandiza."

"Sindinamve, Sajeni."

Chizengereza anali atamaliza nthochi, tsopano akuwodzera, mutu utatsamira khoma. Anyamata awiri aja anasinthana ndi anzawo n'kumapita, aliyense akumusisita paphewa podutsa ngati wofedwa. Obwera kumenewo anakhala pansi osafunsa kanthu; kanyali kofiira kanali katawauza zonse. Kumpoto kunali pheebe. Saphethira anakumbukira mzere wa kuchipatala, mmene umafupikira dokotala akagwira liwiro, ndi mmene dokotala amayang'anira wotchi akaona kuti benchi yatsala pang'ono. Anakumbukiranso gulu la oti akwezedwe, ndi nyumba ya zipinda zitatu yomwe imabwera ndi udindowo, imene mkazi wake anali atasankhira kale makatani.

Anachotsa chikhatho pa maikolofoni. Dzanja linali litachita dzanzi.

"Wopanda nambala wa kumpoto: mbalame."

Kaputeni anaimirira, nkhope yake itamasuka ngati ya munthu amene chithupsa chaphulika. Anafunsa monga lamulo linenera, mawu aulemu kwambiri.

"Mtundu wanji, Sajeni?"

"Atsekwe."

"Mukutsimikiza?"

"Ndikutsimikiza, bwana."

Kanyali kofiira kanathima. Chizengereza, amene unkati wagona, anali kale kumbuyo kwake, makoko a nthochi ali m'thumba.

"Wautenthetsa bwino mpandowu. Uwapatse moni madala."

Saphethira anatuluka chothamanga, jekete n'kuliiwala kuseri kwa chitseko. Pageti anapeza kopolo uja atanyamula kale foni yake m'manja. M'kampu nkhani imafika pageti mwini wake akadali m'khonde. Asanalankhulane, malata a kanyumba ka pageti anayamba kunjenjemera. Helikopita inadutsa pamwamba pawo, pansipansi, yonyezimira, kamakina kake kali koyatsa ndithu, ikubwerera kunyumba ngati mwana wabwino. Kopolo anaima njo n'kumenya saluti.

"Atsekwe anu awo, Sajeni. Onenepa."

"Tsegula geti."

"Mukanangodikira kapu imodzi ya tiyi."

"Ndati tsegula."

Kopolo anakweza chitsulo mosafulumira. "Chimafuna kukankhira kumanzere pang'ono chisanakwere. Musadandaule, ndidzakuphunzitsani."

Saphethira anakwera njinga yamoto ya hayala, n'kumuuza woyendetsa kuti malamulo a pamsewu awasiye kaye, iye ndi boma. Ku depoti anawaonera patali. Mkuluyo anali pachikwama chake pafupi ndi pomwe basi inamutsitsa, chipewa cha khaki chili pamutu, ndodo ili pamaondo. Ogulitsa malonda anali atamusiyira bwalo lozungulira, kukula kwake kofanana ndi kutalika kwa ndodoyo. Kunja kwa bwalolo kunali mlamu, ataima ndi mwendo umodzi ngati kakowa.

"Bambo."

Nkhalamba inakweza mutu. "Bwera pafupi. Werama."

Zala zouma zinayenda pachipumi, pamphuno, pakhutu, n'kutsikira paphewa mpaka zitapeza mizere itatu ija.

"Wachedwa."

"Ndachedwa, bambo."

"Kunabwera wakuba. Ndamuthyola bondo."

"Ndi alamu anga aja, bambo."

"Ndili pompano, madala," anatero mlamu.

"Ukadalipo? Walimba mtima."

Anatenga takisi. Njira yonse Saphethira anali atawerama kutsogolo, ngati kutero kukankha galimoto. Pakhomo la chipatala anakumana ndi nkhalamba zina zikutuluka, iliyonse thonje loyera lili padiso limodzi, ana awo akuzigwira mikono, zikuseka ngati zachokera ku ukwati. M'kati mabenchi anali opanda munthu. Mayi wina anali kukolopa.

"Dokotala wa maso, mayi?"

"Anyamuka. Agogowa ndi aja amawaitana, kuitana, osayankha? Malo awo anapatsa wina."

"Abweranso liti?"

"Mvula ikatha, kapena ikayamba. Amatiuza ndi ife ngati? Nyamulani mapazi."

Ananyamula mapazi. Mlamu anati akapezeretu mankhwala a bondo poti wafika kale pachipatala, n'kutsimphina kulowera m'khonde. Bambo ndi mwana anakhala pabenchi, chikolopa chikudutsa pansi pawo. Mkuluyo anavula chipewa, n'kuchivalanso. Anali atameta ndevu chifukwa cha tsikuli, ndipo pachibwano panali mabala awiri a lumo la munthu wometa mosaona.

"Chinakugwira n'chiyani?"

Saphethira anatsegula pakamwa, n'kupeza kuti ngakhale panja pano, popanda maikolofoni, dzina lenileni likukana kutuluka.

"Mbalame, bambo."

"Mbalame."

"Eya."

"Uli mwana ndinkakutuma kumunda kukaingitsa mbalame, unkathawira ku mpira. Lero mbalame zakukomera."

"Izi zinali zazikulu, bambo."

"Unaziingitsa?"

"Ayi. Ife timangoziyang'ana."

Nkhalamba inagubuduza ndodo pakati pa zikhatho.

"Ngati openya ntchito yanu ndi imeneyo, sindinataye zambiri." Inafufuza mkono wa mwana wake, n'kuugwira molimba pamwamba pa chigongono. "Tiye. Polowa ndinawerenga masitepe ndi mapazi, koma undiuzebe ukafika poyambira."